Joyce Mhango-Chavula: katswiri wa zisudzo yemwe adachoka pa nsanja n'kukapambana ndi filimu ku Lagos

Joyce Mhango-Chavula ndi mayi wa m'dziko muno wochita zisudzo, wolemba ndi kutsogolera masewero, komanso wopanga mafilimu. Dzina lawo lidamveka kunja kwa malire a dziko lino m'mwezi wa Marichi chaka cha 2016, pomwe filimu yawo yotchedwa Lilongwe idapata mphoto ya filimu yopambana m'chigawo cha kummwera kwa Africa pa mpikisano wa Africa Magic Viewers' Choice Awards, womwe udachitikira mumzinda wa Lagos m'dziko la Nigeria. Aka kadali koyamba kuti filimu ya ku Malawi ipambane pa mpikisanowu.

Mayi Chavula ndi mmodzi mwa amayi ochepa omwe ayenda njira yonse ya lusoli m'dziko muno. Adayambira pa nsanja ya kusukulu, adalowa m'magulu a zisudzo oyendayenda, adakhazikitsa gulu lawolawo, kenaka adayamba kupanga mafilimu. Pa chifukwa ichi, mbiri yawo ndi yovuta kuifotokoza popanda kutchula anthu omwe adawalambulira njira, komanso malamulo ndi mabungwe omwe akhala akuyendetsa ntchito za luso kuchokera m'nthawi ya ulamuliro wa chipani chimodzi.

Chiyambi chawo pa sukulu

Monga akatswiri ambiri a zisudzo m'dziko muno, mayi Chavula adayamba kuchita masewero ali ku sekondale, kudzera m'mipikisano ya bungwe la aphunzitsi a Chingerezi la Association for the Teaching of English in Malawi, lomwe ambiri amangolitchula kuti ATEM. Mpikisano wa zisudzo wa bungweli udayamba m'chaka cha 1969, ndipo cholinga chake chidali choti ophunzira azolowere kuyankhula Chingerezi pagulu mopanda mantha. Zotsatira zake zidapitirira cholingacho. Popeza maphunziro a zisudzo ankapezeka ku sukulu ya ukachenjede ya Chancellor College ku Zomba, komwe ndi ochepa okha ankafikako, mpikisano wa ATEM ndiwo udasanduka sukulu ya zisudzo ya dziko lonse. Kumeneko ndi komwe achinyamata ankaphunzira kuloweza mawu, kutulutsa liwu loti limveke mpaka kumapeto kwa holo, ndi kuima pamaso pa anthu osawadziwa.

Malemu Du Chisiza Jr, omwe ambiri amawatenga ngati tate wa zisudzo zamakono za m'Chingerezi m'Malawi, nawonso adatulukira pa mpikisano womwewu m'chaka cha 1982 ndi sewero la The Deceased's Attack, pomwe ankaphunzira pa sukulu ya HHI mumzinda wa Blantyre.

Mpikisanowu udasiya chizindikiro chimodzi chomwe chikuonekabe. Zisudzo za m'dziko muno zidayenda m'mitsinje iwiri. Mbali imodzi kudali masewero a m'Chingerezi, omwe ankakopa ophunzira, aphunzitsi ndi ogwira ntchito m'maofesi a m'mizinda. Mbali inayo kudali masewero a m'Chichewa, monga a gulu la Kwathu lomwe lidatchuka ndi Izeki ndi Jakobo, komanso a pa wailesi ya MBC monga Kapalepale, Pamajiga ndi Sewero la Sabata Ino, omwe ankafika mpaka m'midzi. Mayi Chavula adakulira mu mtsinje woyambawo, ndipo funso loti ntchito yawo ifike bwanji kwa anthu a mtsinje wachiwiri lakhala likuwatsatira, monga momwe lakhalira likutsatira anzawo onse.

Atamaliza sukulu adalowa gulu la Reformation Theatre, ndipo pambuyo pake adagwira ntchito ndi magulu a Alabama Theatre ndi Wanna-Do Ensemble Theatre. Gulu lomalizali ndilo lidasintha moyo wawo, chifukwa cha mayi yemwe ankalitsogolera.

Pa mapazi a Gertrude Kamkwatira

Kale sichidali chapafupi kuti mtsikana akhazikike pa ntchito ya zisudzo. Makolo ambiri ankalola mwana wawo wamkazi kuchita sewero ali pa sukulu, koma akangomaliza ankayembekeza kuti asiye. Ntchitoyi inkafuna kuyenda maulendo ataliatali pamodzi ndi amuna, kugona m'malo ogona alendo, ndi kubwerera kunyumba usiku. Kuwonjezera apo, anthu ena sankasiyanitsa pakati pa munthu ndi mbali yomwe akuchita m'sewero, kotero kuti mayi yemwe wachita bwino mbali ya mkazi woyendayenda ankanyamula dzinalo mpaka kumsika ndi kutchalitchi.

Malamulo a nthawiyo nawonso adali ndi gawo lawo. Lamulo la Censorship and Control of Entertainments Act la m'chaka cha 1968 linkafuna kuti sewero liyambe launikidwa ndi bungwe la Censorship Board lisanaonetsedwe kwa anthu, ndipo olemba adaphunzira kubisa zomwe ankafuna kunena m'miyambi ndi m'nthano. Lamulo la kavalidwe la m'chaka cha 1973 linkaletsa amayi kuvala mathalauza ndi masiketi afupiafupi pagulu, ndipo lidachotsedwa m'chaka cha 1993, dziko likulowa m'ndale za zipani zambiri.

M'nyengo yotereyi ndi momwe malemu Gertrude Webster Kamkwatira adadziwikira. Iwo adali mmodzi mwa nsanamira za gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre, lomwe a Du Chisiza Jr adakhazikitsa m'chaka cha 1987 ngati gulu loyamba m'dziko muno la anthu odalira zisudzo pa moyo wawo wa tsiku ndi tsiku. A Chisiza atamwalira m'chaka cha 1999, mayi Kamkwatira ndiwo adatenga utsogoleri wa gululi. Pambuyo pake adachokako n'kuyambitsa gulu la Wanna-Do. Adalemba masewero oposa khumi m'Chingerezi, ena mwa iwo ndi It's My Fault, lomwe likukamba za nkhanza za m'banja, Jesus' Retrial, ndi Breaking the News, lomwe likukamba za mliri wa Edzi. Adakhalaponso mtsogoleri wa bungwe la ochita zisudzo la National Theatre Association of Malawi. Adamwalira m'chaka cha 2006, chaka chomwe dziko lino lidakhazikitsa lamulo lothana ndi nkhanza za m'banja, nkhani yomwe iwo adali ataiyika kale pa nsanja.

Chachikulu chomwe mayi Kamkwatira adaonetsa sichidali luso lawo lochita sewero lokha, ngakhale lusolo lidali losakayikitsa. Adaonetsa kuti mayi angathe kulemba sewero, kusankha ochita, kuwalangiza pokonzekera, kukambirana ndi eni holo, kusunga ndalama za pakhomo ndi kulipira anthu. Kufikira nthawi imeneyo, maudindo amenewa ankakhala m'manja mwa amuna, ndipo amayi ankangoyembekeza kupatsidwa mbali ya mkazi wa mfumu, mpongozi wovuta kapena mtsikana wantchito. Chitsanzo cha mayi Kamkwatira ndicho chidalimbitsa mtima mayi Chavula kuti nawonso adziimire paokha.

Gulu la Rising Choreos

M'chaka cha 2009, mayi Chavula adasiya ntchito yoyang'anira za malonda pa kampani ina yofalitsa nkhani ndipo adakhazikitsa gulu la Rising Choreos Theatre Company. Aliyense wolandira malipiro a pamwezi angathe kuona kukula kwa chiganizo chimenechi. Gulu la zisudzo m'dziko muno limadalira ndalama za pakhomo. Pa ndalamazo pamachoka lendi ya holo, mtengo wa galimoto yonyamula anthu ndi katundu, zakudya, malo ogona, zolengeza pa wailesi ndi mapepala omata m'mitengo, ndipo zotsalazo ndi zomwe ochita sewero amagawana. Mvula ikagwa madzulo a tsikulo, kapena tsikulo likakumana ndi mpira waukulu, gulu limabwerera ndi ngongole.

Nthawiyi idalinso yovuta pa zifukwa zina. Wailesi ya kanema ya Television Malawi idali itayamba kuulutsa m'chaka cha 1999, ndipo mafilimu a ku Nigeria adali atadzaza m'misika pa ma CD ndi ma DVD otsika mtengo. Anthu omwe kale ankapita ku holo Loweruka kapena Lamulungu masana tsopano ankatha kuonera sewero ali pakhomo pawo. Kenaka m'chaka cha 2011 malo a French Cultural Centre mumzinda wa Blantyre, omwe kwa zaka zambiri adali likulu la zisudzo m'dziko muno, adatsekedwa. Boma lidagula malowa n'kuwatcha Blantyre Cultural Centre, koma adali ataonongeka ndipo ntchito yowakonza idatenga zaka zambiri.

Mayi Chavula sadalimbane ndi mafilimu a ku Nigeria. M'malo mwake adaganiza zoitana eni akewo. M'chaka cha 2011 gulu lawo lidakonza sewero la The Return, momwe Amalawi adachita pamodzi ndi katswiri wa ku Nigeria, mayi Patience Ozokwor, omwe Amalawi ambiri ankawadziwa kale chifukwa cha mbali za mpongozi wankhanza zomwe ankachita m'mafilimu. Seweroli lidaonetsedwa m'zigawo zonse zitatu za dziko lino. Nzeru yake idali yoti anthu omwe adasiya kupita ku holo abwere kudzaona ndi maso munthu yemwe ankangomuona pa kanema, ndipo akabwera aonenso luso la ana a kwawo. Ubale ndi akatswiri a ku Nigeria udawapatsanso mwayi woona momwe anzawo amapangira mafilimu mwachangu ndiponso ndi ndalama zochepa.

Kusiyana kwa nsanja ndi kamera

Si aliyense wochita bwino pa nsanja yemwe amachitanso bwino pa filimu. Pa nsanja, wochita sewero amakweza mawu ndi kukuza zochita za manja ndi nkhope kuti wokhala kumbuyo aone ndi kumva. Sewero limayenda kuchokera poyamba mpaka pomaliza osaima, ndipo kuseka kapena kukhala chete kwa oonera kumamuuza ngati zikuyenda. Pa filimu zinthu zimatembenuka. Kamera imafika pafupi ndi nkhope, kotero kuti kuphethira kwa diso kumanena zambiri kuposa kufuula. Zigawo sizijambulidwa motsatana: munthu angathe kulira maliro m'mawa, masana n'kujambula ukwati womwe m'nkhaniyo udachitika zaka zisanu maliro aja asanachitike. Chigawo chimodzi chimabwerezedwa kangapo, ndipo woonera yekhayo amakhala wojambula ndi wotsogolera. Mafilimu ambiri oyambirira a m'dziko muno ankaoneka ngati masewero a pa nsanja omwe wina wangowaimikira kamera kutsogolo, chifukwa ochitawo adali asanazolowere kusiyana kumeneku.

Zinthu zidayamba kusintha ndi filimu ya Seasons of a Life, yomwe a Shemu Joyah adamaliza m'chaka cha 2008. Filimuyi ikukamba za mtsikana wantchito yemwe abwana ake adamupatsa mimba, ndipo patapita zaka adabwerera atatukuka kudzamenyera mwana wake kubwalo la milandu. Mbali ya mtsikanayo adachita ndi Flora Suya. Pa mpikisano wa Africa Movie Academy Awards wa m'chaka cha 2010, Tapiwa Gwaza adapata mphoto ya mayi wochita bwino mbali yothandizira chifukwa cha filimu yomweyi. M'chaka cha 2012 a Joyah adatulutsa The Last Fishing Boat, yojambulidwa m'mphepete mwa nyanja m'boma la Mangochi, momwe Flora Suya adachita mbali ya mkazi wachitatu wa msodzi. N'zochititsa chidwi kuti ulemu woyamba womwe mafilimu a ku Malawi adalandira kunja udadzera kwambiri mwa amayi. Komabe pa nthawiyo amayiwo adali kutsogolo kwa kamera, pomwe nkhani ankalemba ndi kutsogolera ndi amuna. Apa ndi pomwe mayi Chavula adalowera.

No More Tears ndi nkhani ya chuma cha masiye

Filimu yawo yoyamba yaitali, No More Tears, idatuluka m'chaka cha 2013. Idajambulidwa mumzinda wa Lilongwe komanso m'mphepete mwa nyanja m'boma la Salima. Ikukamba za mtsikana wa zaka 20 yemwe mayi ake adamwalira ndi matenda a Edzi, ndipo udindo wosamalira bambo ake odwala udagwera iye. Bambowo atamwalira, abale awo adabwera n'kutenga chuma chonse, mtsikanayo n'kutsala manja lende.

Nkhani imeneyi sidali yongopeka kwa oonera. Kafukufuku wa boma wa zaumoyo wa m'chaka cha 2010 adapeza kuti pafupifupi anthu 11 mwa anthu 100 aliwonse a zaka za pakati pa 15 ndi 49 adali ndi kachilombo ka HIV, ndipo ngakhale mankhwala otalikitsa moyo adayamba kuperekedwa ulele m'zipatala za boma m'chaka cha 2004, mabanja ambiri adali atataya kale makolo. Ogwira ntchito m'maofesi a mabwanamkubwa ndi mu ofesi ya Administrator General amawadziwa bwino anthu onga mtsikana wa m'filimuyi, chifukwa ndiwo amakhala pa mabenchi a maofesiwo ndi mapepala a imfa m'manja.

Filimuyi idatuluka patangopita zaka ziwiri Nyumba ya Malamulo itakhazikitsa lamulo latsopano la chuma cha masiye la m'chaka cha 2011, la Deceased Estates Act. Lamuloli limati munthu akamwalira osasiya wilu, oyamba kuganiziridwa pa chuma chake ndi mkazi kapena mwamuna wake, ana ake ndi ena omwe ankadalira iye, ndipo kulanda chuma cha masiye ndi mlandu womwe munthu angapite nawo kundende. Koma lamulo lolembedwa m'Chingerezi cha maloya limafika mochedwa pa bwalo la maliro, pomwe zinthu zenizeni zimagamulidwa mtembo usanaikidwe n'komwe. Ngakhale m'madera a chikamwini monga m'boma la Phalombe, komwe munda ndi malo zimatsata mbumba ya mkazi, mikangano imabukabe pa katundu wogula monga njinga, wailesi, malata ndi ndalama za ku ntchito, zomwe abale a mwamuna amati ndi thukuta la mwana wawo. Filimu ngati No More Tears imachita zomwe kalata ya ku ofesi singachite: imaonetsa nkhope ya wolandidwayo kwa nthawi yaitali, mpaka woonera atadzifunsa mbali yomwe iye adaima pa maliro a mbale wake.

Lilongwe ndi Nyasaland

Filimu ya Lilongwe idatuluka m'chaka cha 2015. Pa mpikisano wa ku Lagos wa chaka chotsatira idapikisana ndi mafilimu a ku South Africa, dziko lomwe lili ndi sukulu zophunzitsa kupanga mafilimu, makampani akuluakulu a kanema ndi thumba la boma lothandiza opanga mafilimu. Mpikisanowu umakonzedwa ndi kampani ya MultiChoice ndipo umaonetsedwa pa DStv m'maiko ambiri a mu Africa, kotero kuti usiku umenewo dzina la Malawi lidamveka m'nyumba zambiri momwe anthu sankadziwa kuti dziko lino limapanga mafilimu.

Kupambanaku kudatsegula khomo lomwe ena adalowerapo. M'chaka cha 2018 filimu ya a Shemu Joyah ya The Road to Sunrise, yokamba za amayi awiri oyendayenda a mumzinda wa Blantyre, idapata mphoto yomweyo, ndipo idakhala filimu yoyamba yomwe dziko la Malawi lidatumiza ku mpikisano wa Oscar ku America. M'chaka chomwecho filimu ina ya mayi Chavula, Nyasaland, idasankhidwa kupikisana nawo pa Africa Movie Academy Awards, ndipo idaonetsedwanso ku America pa chikondwerero cha Silicon Valley African Film Festival.

Chaka cha 2019 chidabweretsa phunziro la mtundu wina. Filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind, yokamba za William Kamkwamba wa ku Wimbe m'boma la Kasungu, idajambulidwa m'dziko muno motsogozedwa ndi katswiri wa ku England, Chiwetel Ejiofor, ndipo idaonetsedwa pa Netflix. Woimba Lily Banda adachita mbali ya mlongo wake wa William, koma mbali zikuluzikulu za William, bambo ake ndi mayi ake zidapita kwa akatswiri a kunja, ndipo Amalawi ambiri adadandaula ndi Chichewa chomwe chidayankhulidwamo. Nkhani idali ya Amalawi, koma ndalama ndi ulamuliro zidali za eni filimu.

Utsogoleri ndi nkhani ya thandizo la boma

Kupatula kuchita ndi kupanga masewero, mayi Chavula adakhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa National Theatre Association of Malawi kwa zaka zitatu, bungwe lomwelo lomwe mayi Kamkwatira adalitsogolerapo. Adatumikiranso mu utsogoleri wa bungwe la opanga mafilimu la Film Association of Malawi, ndipo akhala akuphunzitsa achinyamata luso la zisudzo.

Pofuna kumvetsa zomwe mabungwewa akhala akupempha, n'kothandiza kuona momwe zinthu zimayendera ku England, dziko lomwe zisudzo za ATEM zidatengerako chitsanzo. Kumenekonso amayi adachedwa kulowa: m'nthawi ya William Shakespeare mbali za akazi ankachita ndi anyamata, ndipo amayi adayamba kuoneka pa nsanja za mumzinda wa London m'chaka cha 1660. Koma akatswiri a m'zaka za m'ma 1900 adapeza njira yosalazidwa kale. Judi Dench adayamba ntchito ndi gulu la Old Vic m'chaka cha 1957 ndipo adatha zaka zambiri pa nsanja asanatchuke pa filimu. Mphoto ya Oscar adaipata m'chaka cha 1999 chifukwa cha mbali ya mphindi zochepa chabe mu filimu ya Shakespeare in Love. Glenda Jackson adaphunzira pa sukulu ya zisudzo ya RADA, adapata mphoto ya Oscar kawiri, adakhala phungu wa Nyumba ya Malamulo kuyambira 1992 mpaka 2015, ndipo adabwerera pa nsanja m'chaka cha 2016 ali ndi zaka 80. Amayi awiriwa adakulira m'magulu okhazikika, okhala ndi nyumba zawozawo, omwe ankalandira thandizo kuchokera ku bungwe la boma la Arts Council lomwe lidakhazikitsidwa m'chaka cha 1946. Wochita zisudzo kumeneko angathe kutha moyo wake wonse akungochita zisudzo. Mnzake wa ku Malawi amayenera kukhalanso wolemba, wofunafuna ndalama, wogulitsa matikiti, ndipo nthawi zina wosoka zovala.

Kuno kwathu njira yakhala yaitali. Lamulo loteteza eni luso lidakhazikitsidwa m'chaka cha 1989, ndipo bungwe la Copyright Society of Malawi, lodziwika kuti COSOMA, lidayamba ntchito m'chaka cha 1992. Lamulo latsopano la m'chaka cha 2016 lidabweretsa msonkho wa pa zipangizo zosungira ndi kukopera nyimbo ndi mafilimu, womwe ndalama zake zimagawidwa kwa eni luso. Ndondomeko ya dziko ya za chikhalidwe idavomerezedwa m'chaka cha 2015, ndipo bilu yokhazikitsa khonsolo yoona za luso ndi chikhalidwe, yomwe aluso adaidikira kwa zaka zambiri, idadutsa m'Nyumba ya Malamulo m'chaka cha 2024.

Aluso sadasowe anzawo m'maudindo akuluakulu. A Du Chisiza Jr adakhalapo nduna ya za achinyamata, masewera ndi chikhalidwe m'chaka cha 1993. A Michael Usi, omwe adatchuka ndi dzina la Manganya m'sewero la Tikuferanji, adakhala nduna yoona za zokopa alendo ndi chikhalidwe m'chaka cha 2020, komanso wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko lino kuyambira mwezi wa Juni 2024 mpaka chaka cha 2025. Ngakhale zili choncho, ndalama zambiri zomwe zakhala zikuyendetsa zisudzo zachokera ku mabungwe omwe si a boma ndi maiko othandiza, omwe kawirikawiri amabwera ndi uthenga wawo wokonzeratu wa Edzi, chisankho kapena ukhondo. Zimenezi zadyetsa aluso ambiri, koma zachepetsanso masewero omwe wolemba amasankha yekha choti anene.

Oonera a kumudzi

Vuto lalikulu la mafilimu a mayi Chavula ndi anzawo silili pa kapangidwe, koma pa kafikidwe kake kwa anthu. Nyumba zoonetsera mafilimu zakale monga Apollo mumzinda wa Blantyre zidatsekedwa kalekale. Filimu yatsopano ya ku Malawi kawirikawiri imakhazikitsidwa mu hotela kapena mu holo ya mumzinda, pa mtengo womwe ndi ochepa angakwanitse, ndipo ikatero imayenda m'zikondwerero za kunja. Zotsatira zake n'zakuti filimu ingathe kuomberedwa m'manja ku Lagos, koma osadziwika pa mtunda wa makilomita ochepa kuchokera pomwe idajambulidwa.

Izi sizikutanthauza kuti anthu akumudzi saonera mafilimu. M'malo ochitira malonda monga pa Chiringa, kufupi ndi phiri la Michesi m'boma la Phalombe, mafilimu amafika kudzera m'tinyumba toonetsera vidiyo, m'mafoni ndi m'timakhadi tosungira nyimbo, tomwe achinyamata amadzazitsa pa kompyuta ndi ndalama zochepa. Zomwe zimakondedwa kwambiri ndi mafilimu a ku Nigeria, India ndi China, ambiri mwa iwo atamasuliridwa m'Chichewa ndi achinyamata omwe amayankhula pamwamba pa mawu a eni filimu, kwinaku akuwonjezera nthabwala zawo. Kutchuka kwa mafilimu omasuliridwawa kukuonetsa poyera chomwe oonera amafuna: nkhani ya m'chiyankhulo chomwe amamva. Filimu ya ku Malawi yomwe mbali yake yaikulu ili m'Chingerezi imafika pa malo otere ngati mlendo, ndipo ikafika podzera m'njira yokoperayo, mwini wake salandira ngakhale tambala.

Zisudzo za pa bwalo ndizo sizidachoke m'madera amenewa. Njira yogwiritsa ntchito sewero pokambirana za chitukuko, yomwe gulu la Travelling Theatre la ku Chancellor College lidailimbikitsa m'zaka za m'ma 1980 pansi pa akatswiri monga Pulofesa Christopher Kamlongera, idafalikira m'dziko lonse. Lero pa misonkhano ya zaumoyo, ya ulimi kapena yochenjeza anthu za madzi osefukira, gulu la achinyamata a m'deralo limayamba laonetsa sewero alendo olemekezeka asanayankhule, ndipo atsikana amatenga nawo mbali mofanana ndi anyamata. Ambiri mwa iwo amalipidwa chakudya cha masana ndi ndalama yoyendera.

Mtsikana wa sekondale ya ku Phalombe yemwe akufuna kutsata mapazi a mayi Chavula ayenera kuyambira pomwe iwo adayambira, pa mpikisano wa kusukulu, kaya wa ATEM, wa zisudzo za m'Chifalansa kapena wa National Schools Youth Arts Festival. Akafuna kupitirira apo, maphunziro a zisudzo amapezeka ku University of Malawi ku Zomba, pomwe magulu ndi makampani ambiri opanga mafilimu ali ku Blantyre ndi ku Lilongwe.